Agnès Varda, Mayi Wokunkha ndi Kamera

Mwini munda akakolola n'kututa zonse, munda sukhala utatheratu. Pansi pa mapesi ogwa pamabisala chimanga chimodzichimodzi, ndipo m'mizere ya mtedza mumatsala wina amene anathothoka pozula. Pakapita masiku angapo mumaona agogo ndi adzukulu awo atawerama m'munda muja, kathumba kali pambali, akufukula ndi kakhasu. Kumeneko ndiko kukunkha. Amene anakulira m'tchalitchi akukumbukanso Rute, mkazi wamasiye wa ku Mowabu, amene ankakunkha m'munda wa Boazi. Wokunkha si wakuba ndipo si wopemphetsa. Ndi munthu wa maso akuthwa, woona chakudya pamene anzake adutsa n'kunena kuti palibe kanthu.

Nkhani ino ikunena za mayi wina wa ku France amene, ali ndi zaka 71, ananyamula kakamera kokwana m'dzanja limodzi n'kuyamba kulondola anthu okunkha m'dziko lakwawo. Ali mkati mwa ntchitoyo anazindikira kuti iyenso ndi wokunkha, kungoti zotola zake ndi nkhope, mawu ndi tinthu timene ena ataya. Dzina lake ndi Agnès Varda. Anagwira ntchito zaluso kwa zaka zoposa 65, ndipo moyo wake ndi khomo labwino lolowera kwa aliyense wofuna kumvetsa chimene wopanga mafilimu a zenizeni amachita.

Filimu ya sewero ndi filimu ya zenizeni

Mafilimu ambiri amene timaonera, kaya pa wailesi ya kanema, m'vidiyo sho ya pamsika kapena pa foni, ndi a sewero. Wina amapeka nkhani n'kulemba mawu oti aliyense akalankhule, kenako ochita zisudzo amavala zovala n'kusanduka anthu a m'nkhaniyo. Womwalira mufilimu yotere amadzuka kamera ikazima.

Palinso mtundu wina umene akatswiri amautcha dokyumentale, ife tingoti filimu ya zenizeni. M'menemo msodzi ndi msodzi ndithu, ngongole imene akudandaula ndi yakedi, ndipo kamera ikazima amatsala nayo. Ambiri amaganiza kuti wopanga filimu yotere amangoimika kamera n'kujambula chilichonse chodutsa. Ayi ndithu. Iye amasankha woti acheze naye, poti aime, funso loti afunse, ndi nthawi yoti atseke pakamwa. Akamaliza amakhala ndi zojambula za maola ambirimbiri, zimene amayenera kudula ndi kulumikiza mpaka patsale ola limodzi kapena awiri. Ali ngati telala wosoka chovala kuchokera ku zigamba: nsaluzo sanaombe yekha, koma kamangidwe ka chovalacho ndi kake.

Varda anapeka mawu akeake a ntchito imeneyi, cinécriture, polumikiza mawu awiri a Chifalansa otanthauza kanema ndi kulemba. Ankatanthauza kuti filimu silembedwa papepala pokha. Imalembedwa ndi zosankha zonse zija, kuyambira pa malo mpaka pa nyimbo yomaliza. Ankanenanso kuti anakhala ndi moyo utatu: woyamba wojambula zithunzi, wachiwiri wopanga mafilimu, ndipo wachitatu, ali kale gogo, wokonza zionetsero zoti anthu alowemo ndi mapazi awo. Mmisiri wa maluso angapo ndi wotere, ngati munthu amene amasema ng'oma, amaiimba, n'kuvinanso.

Mwana wa padoko

Varda anabadwa pa 30 Meyi 1928 ku Ixelles, mumzinda wa Brussels ku Belgium. Bambo ake anali injiniya wochokera m'banja la Agiriki, mayi ake anali Mfalansa. Dzina lobadwa nalo linali Arlette, la Agnès anadzisankhira yekha atakula. Mu 1940 asilikali a Germany atalowa m'Belgium, banjali linathawira kummwera kwa France, kutauni ya asodzi yotchedwa Sète, kumene linkagona m'bwato lomangidwa padoko. Nyanja, maukonde ndi mchenga zinamulowa m'magazi kuyambira pamenepo.

Atapita ku Paris anaphunzira mbiri ya zaluso ku École du Louvre, kenako luso lojambula zithunzi. Jean Vilar, katswiri wa zisudzo amenenso kwawo kunali ku Sète, anamutenga kuti azijambula masewero pa chikondwerero cha ku Avignon, ndipo pambuyo pake ku Théâtre National Populaire. Mu 1951 anapeza nyumba yakutha mumsewu wotchedwa rue Daguerre ku Paris n'kuikonza. Anakhalamo mpaka imfa.

Mu 1954, ali ndi zaka 26, anabwerera ku Sète kukapanga filimu. Sanaphunzire za mafilimu kusukulu iliyonse, sanakhalepo wothandizira katswiri wina monga zinkakhalira masiku amenewo, ndipo mwa kunena kwake anali ataonera mafilimu owerengeka chabe. Ndalama zinachokera ku kacholowa ka bambo ake ndi kwa anzake, ndipo ogwira nawo ntchito anavomera kudikira malipiro. Filimuyo, La Pointe Courte, inatenga dzina la kamudzi ka asodzi komwe anaijambulira. Muli nkhani ziwiri zoyenda molukana. Ina ndi ya mwamuna ndi mkazi amene banja lawo likugwedezeka, ndipo awa anali ochita zisudzo, Philippe Noiret ndi Silvia Monfort. Inayo ndi ya anthu a m'mudzimo, asodzi enieni, pa mkangano wawo ndi akuluakulu a zaumoyo amene ankawaletsa kusodza m'madzi ena. Sewero ndi zenizeni zinadyera mbale imodzi, ndipo Varda sanasiye kuzisakaniza moyo wake wonse.

Filimuyi sinapindule ndalama. Koma patapita zaka zisanu anyamata monga François Truffaut ndi Jean-Luc Godard anatchuka padziko lonse popanga mafilimu mwanjira yofananayo: ndalama zochepa, kujambulira mumsewu osati m'nyumba zomangira masewero, kuwala kwa dzuwa m'malo mwa magetsi ambirimbiri. Gulu limeneli linatchedwa Nouvelle Vague, kutanthauza funde latsopano. Mtsikana wa ku Sète anali atalambula kale njirayo, ngakhale kuti kwa nthawi yaitali mabuku ankatchula amuna okhaokha.

Chingwe cha mamita 90

Filimu imene inamutchukitsa ndi Cléo de 5 à 7 ya mu 1962. Ndi ya woimba wachitsikana amene akudikira zotsatira za kuchipatala, poopa kuti ali ndi khansa. Nthawi ya mufilimu ikuyenda limodzi ndi wotchi ya woonera: ola limodzi ndi theka la kudikira, mphindi ndi mphindi, m'misewu yeniyeni ya Paris. Aliyense amene anakhalapo pabenchi ya chipatala kuyembekeza kuitanidwa amaimva filimuyi m'mimba. Mu 2022 magazini ya Sight and Sound itafunsa akatswiri za mafilimu opambana m'mbiri yonse, iyi inakhala pa nambala 14.

Anayendanso maiko. Ku Cuba anajambula zithunzi zoposa 1,000 n'kuzisanja motsatizana mpaka zinaoneka ngati zikuvina, mu Salut les Cubains ya mu 1963. Mu 1968 ali ku California anajambula misonkhano ya gulu la anthu akuda la Black Panthers ku Oakland, pamene mtsogoleri wawo Huey Newton ankazengedwa mlandu. Mu 1971 anali mmodzi mwa amayi 343 amene anasaina chikalata chodzudzula lamulo la France loletsa kuchotsa pakati. Mu 1985 filimu yake ya sewero, Sans toit ni loi, yonena za mtsikana wosowa pokhala amene anapezeka atafa ndi chisanu m'ngalande, inapata mphoto yaikulu ya Mkango wa Golide ku Venice.

Koma pa zonse za zaka zimenezo, ine imene imandigwira mtima ndi yaing'ono kwambiri. Chapakati pa zaka za m'ma 1970, Varda anali ndi mwana wamng'ono, Mathieu, wobadwa mu 1972, ndipo sankafuna kutalikira pakhomo. Mayi wina akanati ntchito iyambe yaima. Iye anatenga chingwe cha magetsi cha mamita pafupifupi 90, n'kuchilumikiza m'nyumba mwake, n'kudziikira lamulo lakuti ajambula pokhapo pamene chingwecho chifika. M'kati mwa mamita amenewo munali wophika buledi, wogulitsa nyama, wometa tsitsi, telala, wokonza mawotchi, ndi nkhalamba ziwiri, mwamuna ndi mkazi wake, zogulitsa mafuta onunkhira ndi mabatani m'kasitolo kakale. Anawafunsa mafunso ooneka achabe: kwanu n'kuti, munakumana bwanji ndi akunyumba kwanu, mumalota chiyani usiku. Kenako ankangokhala chete, kamera ili pa manja owerenga chenji, kapena pa nkhope ya gogo wa mafuta onunkhira uja, amene nzeru zinali zitayamba kumuthawa ndipo madzulo alionse ankasuzumira pakhomo ngati pali kwina kumene akuyenera kupita.

Filimuyi anaitcha Daguerréotypes. Msewu wake uli ndi dzina la Louis Daguerre, mmodzi mwa anthu oyamba kutulukira njira yojambulira zithunzi, ndipo zithunzi zakezo zinkatchedwa ndi dzina lomwelo. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Anthu amene Varda ankagula kwa iwo buledi tsiku ndi tsiku anali nkhono zotere, ndipo chingwe chachifupi chija n'chimene chinamukhazika pansi mpaka zinatulutsa maso.

Jacques

Mu 1958 Varda anakumana ndi Jacques Demy, nayenso wopanga mafilimu, amene pambuyo pake anatchuka ndi Les Parapluies de Cherbourg. Anakwatirana mu 1962. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980 Demy anadwala, ndipo poona kuti masiku akutha anayamba kulemba zimene ankakumbukira za ubwana wake ku Nantes. Mphamvu zoti apange filimu analibe, choncho mkazi wake ndiye anaipanga. Anakajambulira m'galaja momwemo mmene bambo a Demy ankakonzera magalimoto, ana atatu akusewera Jacques pa misinkhu yosiyana. Pakati pa sewerolo anaikamo mwamuna wake weniweni, kamera itayandikira kwambiri, ikuyenda pang'onopang'ono pa khungu la dzanja, pa imvi, pa diso. Demy anamwalira pa 27 Okutobala 1990, patangopita masiku ochepa kujambula kutatha. Filimuyo, Jacquot de Nantes, inatuluka mu 1991.

Matenda amene anamutenga sanatchulidwe poyera, chifukwa mwini wake sanafune. Panapita zaka 18 kuti Varda anene, mufilimu yosimba za moyo wake, Les Plages d'Agnès ya mu 2008, kuti inali Edzi. Kuno kwathu kukhala chete kotereku timakudziwa. M'zaka zomwezo maliro ambiri ankalengezedwa kuti malemu adwala nthawi yaitali, basi. Wopanga mafilimu a zenizeni nayenso amasunga chinsinsi cha wodwala, ndipo kudziwa nthawi yochiululira ndi gawo la ntchito yake.

Okunkha

Pofika mu 1999 kunali kutabwera makamera ang'onoang'ono a dijito, otsika mtengo, osafuna gulu la anthu onyamula zitsulo. Varda anaona kuti ndi kamera yotere munthu wosauka sangachite naye mantha. Pamsika wa pafupi ndi kwawo ankaona anthu akuwerama kutola masamba ndi zipatso ogulitsa akapakira katundu, ndipo kuwerama kumeneko kunamukumbutsa chithunzi chotchuka chimene Jean-François Millet anapenta mu 1857, cha amayi atatu okunkha tirigu, chimene chili ku Musée d'Orsay. Anadzifunsa kuti kodi okunkha a lero ndani, m'dziko lolemera chotere. Anayenda France yense kwa miyezi ingapo, ndipo mu 2000 anatulutsa Les Glaneurs et la glaneuse, kutanthauza okunkha ndi mayi wokunkha.

Zimene anapeza zimadabwitsa mlimi aliyense wa ku Dedza kapena ku Ntcheu. M'chigawo cha Beauce, masitolo akuluakulu ankafuna mbatatesi za msinkhu umodzi, zapakati pa mamilimita 45 ndi 75. Zazikulu kuposa apo, zazing'ono, zokhota kapena zotemeka ndi makina zinkabwezedwa kumunda pa thirakitala n'kukhuthulidwa, milu ya matani, kuti ziole. Pamilu imeneyo Varda anakumana ndi anthu osowa ntchito, mmodzi mwa iwo dalaivala wa malole amene mowa unamulanditsa laisensi ndi banja lomwe. Pomwepo anatolanso mbatatesi zooneka ngati mtima, zimene sitolo inakana chifukwa cha maonekedwe, n'kupita nazo kunyumba.

Sanafune kuti woonera angomva chisoni. Anaimika loya atavala mkanjo wake wa kukhoti pakati pa munda wa kabichi, buku la malamulo lili m'manja, kufotokoza kuti lamulo la France limalola kukunkha zokolola zikachotsedwa, kuyambira dzuwa litatuluka mpaka kulowa, ndipo chilolezochi chinalembedwa kale mu 1554. Anacheza ndi mwini munda wa maapozi amene amalola okunkha bola atsalire kumbuyo kwa othyola, ndi eni minda ya mphesa ena amene amaletsa. Anapeza wophika wotchuka wa mulesitilanti yodula akudzithyolera yekha timasamba tonunkhiritsa chakudya m'phiri, ndi bambo wina wapantchito, wolandira malipiro, amene kwa zaka zambiri ankadya za m'mabini pokwiya ndi kutaya chakudya. Analinso ndi amisiri opanga zaluso kuchokera ku zinthu zotayidwa m'mbali mwa msewu.

Munthu amene Varda anati anamukhudza kwambiri anamusunga kumapeto. Ndi bambo wina amene ankamuona pamsika ku Paris, chikwama chili kumsana, akutola masamba n'kumadyera pomwepo. Sanathamangire kumujambula ngati chinthu chodabwitsa. Anamuyandikira pang'onopang'ono kwa masabata, ndipo zinadziwika kuti bamboyo ali ndi digiri yachiwiri ya sayansi ya zamoyo, amapeza kangachepe pogulitsa nyuzipepala pasiteshoni ya sitima, ndipo amakhala m'nyumba ya alendo obwera kudzafuna ntchito, ambiri a ku Mali ndi ku Senegal. Usiku uliwonse ankawaphunzitsa kuwerenga ndi kulemba Chifalansa, kwaulere. Wojambula wothamanga akanabwerako ndi chithunzi cha munthu wodya zotola. Varda anabwerako ndi mphunzitsi.

Pano m'pamene pagona nkhani. Midzi yathu yaona makamera ambiri. Amabwera pa galimoto yoyera, amafuna mwana wa mimba yotupa ndi denga lodontha, dzuwa lisanapendeke apita, ndipo wojambulidwayo sadzaona n'komwe chithunzi chake. Varda ankatchula anthu mayina, ankawasiya amalize mawu awo, ndipo mu 2002 anabwerera kukawafunafuna n'kupanga filimu yachiwiri, Deux ans après, yoonetsa mmene moyo wawo unalili patapita zaka ziwiri. Chinanso, sanabisale kuseri kwa kamera. Ndi dzanja limodzi ankajambula dzanja linzake, la makwinya ndi madontho a ukalamba, n'kunena poyera kuti akuona kuti mapeto ali pafupi. Anatola wotchi yopanda mivi imene wina anataya n'kuiika pashelefu kunyumba kwake. Amene akufunsa anzake kuti aonetse umphawi wawo, iyenso anaonetsa ukalamba wake.

Chisakasa cha filimu yolephera

Mbatatesi za mtima zija sanazidye. Anazisiya mpaka zinafota n'kuphuka mizu ndi timphukira, akuzijambula. Mu 2003, ali ndi zaka 75, anaitanidwa ku chionetsero chachikulu cha zaluso cha ku Venice, ndipo moyo wake wachitatu unayambira pomwepo. Anayala makilogalamu 700 a mbatatesi pansi m'chipinda, kukhoma n'kuika masikirini atatu oonetsa mbatatesi zofota zija ngati zikupuma. Chionetserocho anachitcha Patatutopia, ndipo mwini wake ankayendayenda atavala chovala chooneka ngati mbatatesi, kuitanira anthu.

Zaluso za mtundu uwu zimasiyana ndi filimu pa chinthu chimodzi. Poonera filimu munthu amakhala pampando, zithunzi n'kumamudutsa. Apa ndiye amene amayenda, amasankha poima, amamva fungo la dothi. Pa chionetsero china, cha amayi amasiye a pachilumba cha Noirmoutier, anaika masikirini ang'onoang'ono 14 ndi mipando 14, mpando uliwonse uli ndi zomvera m'makutu zake. Ukakhala pampando umodzi umamva mayi mmodzi yekha akukusimbira za malemu mwamuna wake, monga zimakhalira posiwa, anthu ali mbwee koma wolira akulankhula ndi iwe wekha. Mmodzi mwa amasiye 14 aja anali Varda.

Anakunkhanso m'munda wake womwe. Kale filimu inkasungidwa pa malamba aatali apulasitiki okhala ndi tizithunzi tondandalika, okulungidwa m'zitini. Filimu yake ya mu 1966, Les Créatures, inakanika pamsika, ndipo zitini zake zinangounjikika. Mu 2006 anamasula malambawo n'kumangira makoma ndi denga la chisakasa, ku Fondation Cartier mu Paris. Munthu ankalowa n'kuima m'kati mwa filimu imene anthu anaikana, kuwala kukudutsa m'tizithunzi zikwizikwi.

Ulendo wotsiriza

Ali ndi zaka za m'ma 80, maso atayamba kuchita khungu, anagwirizana ndi JR, mnyamata wobadwa mu 1983, wotchuka pomata zithunzi zikuluzikulu za anthu wamba pamakoma. Anayenda m'midzi ya France pa galimoto yokhala ndi kachipinda kojambulira ndi makina osindikiza, ndipo filimu yawo, Visages Villages, inatuluka mu 2017. Kumpoto, m'mudzi wa anthu okumba malasha, anapeza mayi mmodzi yekha wotsala mumzere wa nyumba zoti zigwetsedwe, wokana kusamuka. Anamata nkhope yake pakhoma lonse la nyumba yake, ndipo mayiyo atatuluka n'kudziona anasowa mawu, misozi ili m'maso. Padoko la Le Havre, pamene ntchito ndi ya amuna, Varda anafunsa za akazi awo, ndipo zithunzi za atatu mwa iwo zinamatidwa pamulu wa makontena wotalika ngati nyumba yosanja. Ku Normandy anamata chithunzi chimene Varda anajambula mu 1954, cha mnzake womwalira Guy Bourdin, pa chimpanda cha konkire chimene asilikali a Germany anasiya m'mbali mwa nyanja. M'mawa mwake anapeza madzi atakwera usiku n'kuchitsuka chonse.

Ulemu unabwera mochedwa koma motsatizana. Mu 2015 chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes chinamupatsa mphoto yaulemu ya Palme d'or, ndipo mu 2017 anakhala mayi woyamba wotsogolera mafilimu kulandira mphoto yaulemu ya Oscar. Mu 2018 anaima pamasitepe a ku Cannes pamodzi ndi amayi anzake, onse 82, chiwerengero cha mafilimu opangidwa ndi akazi amene anali atapikisanapo kumeneko chiyambire. Mu Febuluwale 2019 anaonetsa filimu yake yomaliza, Varda par Agnès, ku Berlin, mmene akufotokozera achinyamata kagwiridwe kake ka ntchito.

Anamwalira ndi khansa kunyumba kwake pa 29 Malichi 2019, ali ndi zaka 90, ndipo anaikidwa m'manda amodzi ndi Demy ku Montparnasse. Pakhomo la nyumba ya mu rue Daguerre anthu anabwera ndi maluwa monga mwa mwambo wawo, koma ambiri anabweranso ndi mbatatesi, zina zooneka ngati mtima, n'kuzisanja m'mbali mwa khoma. Opita kumandako amazipezabe pamwala wake.